Yoshinobu Nishioka, mmisiri wa ku Kyoto amene anakhala producer kampani itagwa

Namaseko, Zomba:
Moni nonse. Sabata yatha tinakhalitsa pa nkhani ya ojambula, ndiye lero ndabweretsa munthu wa mbali ina ya ntchito. Dzina lake ndi Yoshinobu Nishioka wa ku Japan. Anabadwa mu 1922 ku Asuka m'chigawo cha Nara, ndipo anamwalira mu Okutobala 2019 ali ndi zaka 97. Iyeyu anali production designer, munthu amene amaganiza ndi kumangitsa malo onse amene nkhani ya filimu ikuchitikira: msewu, nyumba, chipinda, chitseko, mpaka mbale imene ili pakona. Mafilimu ake ambiri ndi a nthawi ya asamurai. Chimene chandikoka ndi chakuti munthu wa mapulani ndi matabwa ameneyu anadzakhalanso producer komanso mkulu wa kampani yopanga mafilimu. Sizichitikachitika zimenezi. Amalume a Banda, ndikudziwa kuti mafilimu akale a ku Japan mumawatsata, tithandizeni.

Chikondi, Johannesburg:
Asisi, ine ndifunse poyera. Filimu timaonera nkhani ndi osewera. Womanga khoma tikambirane chani za iye? Ku video show kwathu kuja tikuonera asamurai akuthambitsana, palibe ndi mmodzi yemwe ankafunsa kuti nyumbayo anamanga ndani.

Amalume Banda, Leeds:
Zikomo a Namaseko. Chikondi mwana wanga, funso lako ndi labwino, koma dikira kaye umve kumene munthuyu anachokera. Nkhondo yachiwiri ya padziko lonse itatha mu 1945, asilikali a Japan oposa theka la miliyoni anatengedwa ndi Soviet Union kukagwira ntchito yakalavulagaga ku Siberia. Nishioka anali mmodzi mwa iwo. Atabwerera kwawo, mu 1948 analowa ntchito ku situdiyo ya Daiei ku Kyoto, mbali yokonza maseti, malo omangidwa oti ajambuliremo filimu.

Tsono umvetse kuti Daiei ya ku Kyoto nthawi imeneyo inali chiyani. Filimu ya Akira Kurosawa yotchedwa Rashomon, ya mu 1950, anaipangira kumeneko, ndipo mu 1951 inapata mphoto yaikulu pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Venice. Ugetsu ya Kenji Mizoguchi inatuluka mu 1953. Chaka chomwecho kunatulukanso Gate of Hell, imene inapambana pa chikondwerero cha mafilimu cha ku Cannes mu 1954. Maseti a mafilimu amenewa anali m'manja mwa akuluakulu ena, monga So Matsuyama ndi Kisaku Ito, koma ndi m'bwalo limenelo mmene mnyamatayu anakulira pantchito. Situdiyo inali ndi akalipentala ake, opaka utoto ake, osoka zovala ake, olembedwa ntchito yokhazikika, akutulutsa mafilimu mwezi ndi mwezi. Munthu ukalowa pamenepo umaphunzira poona ndi pogwira.

Namaseko, Zomba:
Ndiwonjezerepo kuti dera la Kyoto limene kuli masitudiyowa limatchedwa Uzumasa. Makampani a Toei ndi Shochiku nawonso anali ndi masitudiyo komweko. Kyoto inali likulu la mafilimu a mbiri yakale chifukwa akachisi, minda ndi nyumba zakale zili pafupi, popeza mzindawu sunaphwasulidwe ndi mabomba ngati mmene zinachitikira ku Tokyo ndi ku Osaka.

Chikondi, Johannesburg:
Ndiye mwandithandiza kumene. Ngati nyumba zakale zinalipo kale, ankamangiranji zina?

Tadala, Lilongwe:
Achimwene, limeneli ndiyankhe ine chifukwa ndimakumana nalo. Ife tikamajambula timabwereka nyumba ya munthu. Chipinda n'chaching'ono, kamera ilibe pobwerera, magetsi ulibe powapachika, khoma ndi lopaka utoto wonyezimira umene ukubweza kuwala kumaso kwa wosewera. Mwini nyumba akufunanso kuphika nsima, ana abwera kusukulu. Umajambula zimene nyumbayo yakulola, osati zimene nkhani ikufuna. Seti yomanga wekha khoma limachoka, denga limachoka, zenera umaliika kumene ukufuna dzuwa lichokere. Ndiye tangoganizani kachisi wa zaka mazanamazana, angakuloleni kukhomamo msomali?

Amalume Banda, Leeds:
Wanena bwino Tadala, ndipo pali chitsanzo chake chenicheni. Mu 1950 mnyamata wina wophunzira unsembe wa Chibuda anatentha kachisi wotchuka wa ku Kyoto wotchedwa Kinkaku-ji, uja wokutidwa ndi golide. Anamumanganso mu 1955. Wolemba mabuku Yukio Mishima analemba buku lochokera pa nkhaniyi mu 1956, ndipo mu 1958 dailekitala Kon Ichikawa anapanga filimu yake yotchedwa Enjo. Seti inali ya Nishioka, kamera inali ya Kazuo Miyagawa, yemwe uja anajambula Rashomon. Mufilimumo dzina lenileni la kachisi sanaligwiritse ntchito, anamutcha Shukaku. Ndiye taona ntchito imene inagwera mmisiri wa zaka 36: amange nyumba imene mnyamata wachibwibwi wa m'nkhaniyo amaiona kuti ndi yokongola kuposa chilichonse padziko, yokongola mpaka kumusokoneza mutu. Woonera akapanda kukhulupirira kukongolako, nkhani yonse yagwa. Filimuyo ilibenso mitundu, ndi yakuda ndi yoyera basi, golide sungamuonetse ndi chikasu. Uyenera kumuonetsa ndi mmene thabwa likulandirira kuwala. Pamapeto pake anayatsa moto weniweni nyumba yomangidwa mocheperako kuposa yeniyeni.

Chikondi, pamenepo osewera akuluakulu ndi awiri: Raizo Ichikawa ndi nyumbayo.

Bambo Phiri, kalipentala, Ndirande:
Pepani ndalowa mochedwa, ndinali ku shopu. Ndawerenga zonse. A Banda, pa nkhani ya moto ija ndiyankhulepo ngati munthu wogwira matabwa. Ukachepetsa nyumba, moto suchepa nawo. Lawi limakhala lalikulu lomwelo. Kanyumba kakakhala kakang'ono kwambiri, lawi limodzi limakakwirira konse ndipo kamatha pa kamphindi, aliyense amaona kuti n'kachidole. Ndiye mmisiri ayenera kudziwa pamene angachepetsere osapitirira, komanso thabwa liti ligwe poyamba, mzati uti ukhalitse. Ndipo mwayi ndi umodzi. Ikapsa yapsa, simunganene kuti tibwereze. Munthu amene amamupatsa udindo wotere ndiye kuti anzake amamudalira kwambiri.

China chimene ndimaona m'mafilimu a ku Japan ndi chakuti nyumba zawo zilibe pobisala mmisiri. Ife thabwa likapindika timabisa ndi pulasitala kapena kabati. Iwo chipinda chilibe mipando, muli mphasa zawo zija, mizati yoonekera ndi zitseko za mapepala zokankhira m'mbali. Mzere uliwonse ukuoneka. Ukalakwitsa pang'ono polumikiza, kamera ikuulula.

Namaseko, Zomba:
Zikomo bambo Phiri. Mphasa zimenezo ndi tatami, imodzi imakhala pafupifupi masentimita 90 m'lifupi ndi 180 m'litali, ndipo kukula kwa chipinda amawerengera pa mphasazo. Anthu amakhala pansi, ndiye kamera nayonso imatsika, ndipo ikatsika pansi ndi m'munsi mwa khoma zimadzaza chithunzi. Zimene ife sitizisamala n'zimene iwo amayambira.

Bambo Phiri, kalipentala, Ndirande:
Ndipo thabwa latsopano limadziwika msanga. Kuti nyumba yomangidwa dzana ioneke ngati agogo anabadwiramo, pamafunika kuwaula thabwa ndi moto, kulipala, kudetsa pamene manja amagwira tsiku ndi tsiku, kusiya mwaye pamwamba pa mafuwa. Imeneyo ndi ntchito ya munthu amene anayang'anitsitsa mmene nyumba imakalambira.

Mwale, Chipata:
Moni akuluakulu. Ine imene ndinaonera ndi An Actor's Revenge ya mu 1963, ya Kon Ichikawa yemweyo, ndipo ndadabwa kumva kuti seti ndi ya munthu mmodzimodziyo. Imeneyo siyesa n'komwe kuoneka ngati zenizeni. Malo ena kumbuyo kuli mdima wokhawokha, kukungooneka mpanda umodzi wautali kapena chingwe chikudutsa. Mitengo ina ikuoneka kuti ndi ya pa siteji. Poyamba ndinkaona ngati ndalama zinawathera.

Amalume Banda, Leeds:
Sizinathe ndalama a Mwale. Filimu imeneyo inali yokondwerera kuti wosewera Kazuo Hasegawa wakwanitsa mafilimu 300, ndiye kampani sikanaumira. Nkhani yake ndi ya wosewera wa kabuki (masewero achikale a pa siteji a ku Japan), mwamuna amene amasewera mbali za akazi, amene akufuna kubwezera anthu amene anawononga makolo ake. Moyo wake wonse ndi sewero, akatsika pa siteji amapitirizabe kuvala ndi kuyankhula ngati mkazi. Ndiye dziko lomuzungulira analipanga kuti likhale pakatikati, theka msewu theka siteji. Apa ndi pamene ine ndimamulemekezera Nishioka. Munthu yemweyo amene angakumangire nyumba yoti ungalumbire kuti ndi yakale, akhozanso kuchotsa zonse n'kusiya khoma limodzi mumdima, chifukwa nkhani yafuna choncho. Amisiri ambiri amafuna luso lawo lioneke paliponse. Kuchotsa n'kovuta kuposa kuwonjezera.

Anagwiranso ntchito pa ena mwa mafilimu a Zatoichi, wakhungu wodziwa lupanga uja amene ankasewera Shintaro Katsu. Amenewo mwina Chikondi unawaonapo.

Chikondi, Johannesburg:
Zatoichi ndikumudziwa amalume. Chabwino, pa luso ndavomera. Koma asisi anayamba ndi nkhani ya u-producer. Ine ndikudziwa kuti producer ndi munthu wa ndalama, amene amakana. Wokonza seti ndi amene amapempha. Mukamupatsa chikwama munthu wokonda matabwa okongola, filimu ithera ku seti, osewera osalipidwa.

Namaseko, Zomba:
Achimwene, apa ndiye pali mtima wa nkhani yonse. Nishioka sanakhale producer chifukwa cholakalaka mpando. Zinthu zinagwa. Mu 1958, chaka chomwe Enjo inatuluka, matikiti a kanema amene anagulidwa ku Japan anaposa 1.1 biliyoni. Kenako wailesi yakanema inalowa m'nyumba za anthu, makamaka nthawi ya ukwati wa mwana wa mfumu mu 1959 ndi masewera a Olympics a ku Tokyo mu 1964. Pofika 1970 matikiti anali atatsika kufika pafupifupi 250 miliyoni. Daiei inali ndi nyumba zoonetsera mafilimu zochepa poyerekeza ndi Toho kapena Shochiku, ndiye inamva kuwawa msanga. Mu 1969 Raizo Ichikawa, mmodzi mwa osewera awiri amene ankanyamula kampaniyo, anamwalira ndi khansa ali ndi zaka 37 zokha. Mu Disembala 1971 Daiei inagwa ndi ngongole.

Ndiye taganizirani anthu aja amalume anawatchula. Kalipentala amene kwa zaka 20 wakhala akumanga misewu ya Edo (Tokyo wakale), wa magetsi amene amadziwa kuunikira chitseko cha pepala, wosamalira mawigi, wojambula, wolumikiza filimu. Aliyense payekha akanapeza ntchito ina, wina kukamanga nyumba za anthu, wina kukayendetsa takisi. Koma luso lopanga filimu ya asamurai silikhala mwa munthu mmodzi, limakhala m'gulu limene lazolowerana. Gulu likabalalika, ngakhale mutapeza ndalama patapita zaka zisanu, simungaligulenso.

Nthawi imeneyo n'kuti akujambula sewero la pa wailesi yakanema lotchedwa Kogarashi Monjiro, limene Kon Ichikawa ankaliyang'anira, ndipo linayamba kuonetsedwa pa Fuji TV mu Januwale 1972. Anthu a Daiei ya ku Kyoto ndi amene ankaligwira. Kuti ntchito isaime, anasonkhana n'kuyambitsa kampani yawoyawo mu 1972, Eizo Kyoto. Munali madailekitala monga Kenji Misumi, munali amisiri, ndipo amene anadzaitsogolera kwa zaka zambiri ndi Nishioka.

Tadala, Lilongwe:
Asisi, ndiye kuti chuma cha kampaniyo chinali anthuwo basi?

Namaseko, Zomba:
Kwenikweni inde. Chimene ankapita nacho kwa a wailesi yakanema ndi makampani akuluakulu chinali chakuti, tili ndi gulu lathunthu lodziwa ntchitoyi, tipatseni nkhani. Ndipo Kogarashi Monjiro inatchuka kwambiri. Atsuo Nakamura ankasewera munthu woyendayenda wovala chipewa chakutha ndi chofunda chodetsedwa, ali ndi kamtengo kakatali kukamwa. Ndewu zake sizinali zovina ngati za mafilimu akale, anthu ankathamanga, kugwa m'matope, kumenya mwachisawawa. Anthu omwe aja amati ndi achikale ndi amene anapanga chinthu chooneka chatsopano.

Bambo Phiri, kalipentala, Ndirande:
Chikondi, ndikuyankhe pa chikwama paja. Pa ntchito yomanga, amene amawononga ndalama ndi bwana wosadziwa mtengo wa thabwa. Amadula pamene sipayenera kudulidwa, kenako n'kulipira kawiri. Amene wagwirapo sowo amadziwa kuti khoma ili kamera siliona, tiike pulayiwudi, koma mzati uwu wosewera augwira ndi dzanja, pamenepa tigule thabwa labwino. Amadziwanso kuti ntchito iyi ndi ya masiku angati, sunganamize. Ine ndikanakhala mmisiri ku Kyoto, ndikanasankha kutsogoleredwa ndi munthu wotere.

Chikondi, Johannesburg:
Ndamva madala. Koma ndifunsebe. Kampaniyo ilipo lero?

Amalume Banda, Leeds:
Inatsekedwa mu 2010, iye ali ndi zaka 88.

Chikondi, Johannesburg:
Ndiye mwaona. Anangochedwetsa maliro. Mafilimu a asamurai anali akutha kale, achinyamata a ku Japan anapita ku makatuni awo otchedwa anime ndi magemu. Mwina akanawathandiza amisiri aja kuphunzira zina m'malo mowasunga pa ntchito yakufa.

Amalume Banda, Leeds:
Apa sindikuvomereza, ndipo ndiwerengere zaka. Daiei yoyamba inakhazikitsidwa mu 1942 n'kugwa mu 1971, zaka 29. Eizo Kyoto inayamba mu 1972 n'kutseka mu 2010, zaka 38. Kampani ya amisiri inakhalitsa kuposa kampani ya bwana imene inawataya. Mnyamata amene analowa ali ndi zaka 25 anatuluka ali wopuma pantchito, ataphunzitsa ena.

Ndipo taona zimene zinapangidwa m'zaka zimenezo. Ndi Hideo Gosha, Nishioka anapanga maseti a Onimasa mu 1982 ndi The Geisha mu 1983, nyumba zazikulu za mumzinda wa Kochi zodzaza ndi makonde ndi zipinda zobisika kuseri kwa zinzake. Mu 1999 Nagisa Oshima, atadwala sitiroko, anabwerera kudzapanga filimu yake yomaliza, Gohatto, nkhani ya gulu la asamurai a Shinsengumi ku Kyoto mu 1865. Seti anaipereka kwa Nishioka, yemwe anali ndi zaka 77. Oshima anali munthu wa mafilimu oukira zachikale, koma atafuna Kyoto wakale anapita kwa yemwe ankadziwa kumumanga. Mphoto ya Japan Academy ya wokonza maseti anailandira kangapo m'zaka zomwezi. Zonsezi zinachitika Daiei itagwa kale.

Namaseko, Zomba:
Amalume, musaiwale Rikyu ya mu 1989. Ine ndi imene ndimaikonda kuposa zonse.

Amalume Banda, Leeds:
Ifotokozeni inuyo a Namaseko, mwaionera posachedwa.

Namaseko, Zomba:
Dailekitala wake ndi Hiroshi Teshigahara, yemwe analinso mkulu wa sukulu yokonza maluwa ya Sogetsu. Nkhani ndi ya Sen no Rikyu, katswiri wa mwambo wa tiyi, ndi wolamulira Toyotomi Hideyoshi, amene pomaliza anamulamula kuti adziphe mu 1591. Mkangano wa anthu awiriwa umaoneka m'zipinda zawo asanatsegule pakamwa. Hideyoshi ali ndi chipinda cha tiyi chokutidwa ndi golide, nyumba zake zili ndi zithunzi zowala pazitseko. Rikyu amakonda kachipinda ka dothi, kamdima, kolowera pa kakhomo kakang'ono koti ngakhale wolamulira ayenera kugwada n'kukwawa. Ku Oyamazaki pafupi ndi Kyoto kudakali kachipinda kotchedwa Tai-an, kamene amati ndi ka Rikyu, ka mphasa ziwiri zokha.

Filimu imayamba m'mamawa. Hideyoshi wamva kuti m'munda mwa Rikyu mwachita maluwa okongola, wabwera kudzaona. Apeza onse adulidwa, mpanda uli mbee. Akwawa kulowa m'kachipinda kaja, ndipo pakhoma pali duwa limodzi lokha. Kuti chithunzi chimenecho chigwire mtima, khoma la dothi lija liyenera kukhala loyenera ndendende: lisawale, lisakhale losalala, mtundu wake usapikisane ndi duwa. Bambo Phiri, pamenepo ndi pamene munanena paja, palibe pobisala. Ndipo zina mwa ziwiya za tiyi zimene zili mufilimuyo ndi zakale zenizeni zobwereka, ndiye seti inayenera kukhala yoti mbale ya zaka 400 ikaikidwamo, isaoneke ngati yasochera.

Bambo Phiri, kalipentala, Ndirande:
Imeneyo ndiifuna ndiione ndi maso anga. Kupaka dothi kuti lioneke losauka koma laulemu si masewera.

Mwale, Chipata:
Nanga filimu imene dzina lake linalembedwa ngati producer ndi iti? Mwatchula zambiri za maseti.

Amalume Banda, Leeds:
Imene ndingakutchulireni ndi Dora-heita ya mu 2000. Mbiri yake ndi yaitali. Mu 1969 madailekitala anayi akuluakulu, Kurosawa, Keisuke Kinoshita, Masaki Kobayashi ndi Kon Ichikawa, anapanga gulu lawo pofuna kupulumutsa mafilimu a ku Japan, ndipo analembera limodzi nkhani imeneyi. Sinajambulidwe. Inakhala m'kabati zaka 30. Kobayashi anamwalira mu 1996, Kurosawa ndi Kinoshita mu 1998. Anatsala Ichikawa yekha, ali ndi zaka zoposa 80, ndipo anaijambula ndi Koji Yakusho ngati wosewera wamkulu. Producer wake anali Nishioka, munthu yemwe anamumangira kachisi wa Enjo zaka 42 m'mbuyomo. Madailekitala anayi otchuka padziko lonse analephera kuipezera njira nthawi yawo. Inatheka pamene panali munthu amene anali atasunga amisiri oti aigwire.

Tadala, Lilongwe:
Zimenezi zandikhudza. Ife kuno filimu ikatha aliyense amapita kwake, wa mawu uku, wa magetsi uko, ndipo filimu yotsatira timayambanso kuphunzitsa anthu atsopano kugwira chingwe. Timadandaula za makamera, koma mwina chimene tikusowa kwambiri ndi gulu lokhalitsa. Ndipo pa bajeti yathu mzere wa seti nthawi zambiri kulibe n'komwe, timangoti tikapeza nyumba.

Chikondi, Johannesburg:
Asisi Tadala, koma kusunga gulu kumafuna ntchito yobwera mwezi ndi mwezi. Iwo anali ndi wailesi zakanema zimene zinkagula masewero a asamurai sabata iliyonse. Popanda wogula, Nishioka akanasunga ndani? Ine mfundo yanga ndi imeneyo, ndipo sindinasinthe. Luso lake ndalivomera, koma msika unamuthandiza, ndipo msika utachepa kampani inatseka.

Namaseko, Zomba:
Pamenepo mukunena zoona achimwene, masewero otere atachepa pa wailesi yakanema ntchito ku Uzumasa inachepanso. Koma wogula uja akanapeza ndani mu 1972 anthu aja akanabalalika mu Disembala? Panafunika wina woti anene kuti tisapite, tilembetse kampani, ine ndisenza za malipiro. Malo a situdiyo ya Daiei ku Kyoto anatsekedwa mu 1986, nyumba zinagumulidwa, koma anthu ake anapitiriza kujambula kwa zaka zina zoposa 20.

Mwale, Chipata:
Kwa ife amene tikuyamba kumene, tiyambire iti?

Amalume Banda, Leeds:
Yambani ndi An Actor's Revenge ngati simunaione, ndi yosavuta kupeza yokhala ndi mawu achingerezi pansi. Kenako Rikyu. Enjo muisiye kumapeto, imafuna kudekha. A Mwale, inu mwaiona kale yoyambayo, ndiye pitani ku Rikyu.

Tadala, Lilongwe:
Ine ndiyamba Rikyu Loweruka. Bambo Phiri, ndili ndi kafilimu kakafupi kamene nkhani yake yonse ili m'chipinda chimodzi. Ndikufuna ndiyese kumanga makoma atatu ochotseka m'malo mobwereka nyumba. Ndikutumizirani miyeso ku inbox mundiwerengere matabwa.

Bambo Phiri, kalipentala, Ndirande:
Tumiza mwana wanga. Undiuzenso kuti kamera idzaima mbali iti ndi kuti m'nyumbamo mukukhala munthu wotani, wosauka kapena wopeza bwino, wakhalamo zaka zingati. Ndikadziwa zimenezo ndiye ndingakuuze thabwa loti tigule.